Umbava wa mafilimu: kuchokera ku Chennai mpaka pa Mvera

Pa Mvera, m'boma la Dowa, munthu wofuna filimu sayenda mtunda. Pakati pa timaokala ta m'mbali mwa msewu wochokera ku Lilongwe kupita ku Salima sipalephera kupezeka kena komwe mwakhala mnyamata ndi kompyuta, sipika ikulira pakhomo, mafoni otchajitsa ali ndandanda pa thabwa. Wobwera amangotulutsa memole kadi m'foni, kapena fulashi m'thumba, n'kunena chomwe wadzera: "Achimwene, mundiikiremo achimwenye awiri omasulira ndi imodzi yomenyana." Mphindi zisanu sizikwana, kadi yadzaza. Malipiro ake sasiyana kwenikweni ndi mtengo wa mulu wa tomato. Usiku womwewo banja lonse limaunjikana pa kafoni kamodzi, kapena pa kanema woyendera batire ya sola, kuonerera mnyamata wa ndevu wa ku India akugwetsa adani makumi awiri ndi dzanja limodzi, uku akuyankhula Chichewa cha pamsika.

Ntchito imeneyi anthu amaitcha kubena. Mawuwa anatsalira kuyambira nthawi ya ma CD, pomwe kompyuta inkachita ngati kuwotcha nyimbo pa chimbale. Lero palibenso chowotchedwa, koma dzina linakanirira. Obena aliponso pa Chezi, pa Mponela, pa Madisi, pa boma la Ntchisi, ndi pena paliponse pomwe pafika magetsi kapena sola. Ogula ndi ogulitsa ambiri saonapo cholakwa, poti wina wapereka ndalama, wina wagwira ntchito. Chomwe sichioneka n'chakuti pa ndalamayo palibe ngakhale tambala yomwe imafika kwa anthu amene anapanga filimuyo. Malamulo amati kumeneku n'kuba luso. Pa Chingerezi amati piracy, dzina lomwe kale linkanena za zigawenga za panyanja zomwe zinkalanda katundu m'sitima zapamadzi.

Chimene chimabedwa

Wakuba mbuzi amasiya khola lili pululu, ndipo mwini akadzuka m'mawa amaona ndi maso kuti waberedwa. Wokopera filimu sachotsa kanthu m'nyumba ya munthu. Mwini filimu amakhala nayobe, yosathothoka paliponse. N'chifukwa chake anthu oongoka, amene sangathyole ngakhale chimanga chimodzi m'munda mwa mnzawo, amabenetsa filimu mtima uli m'malo.

Kuti umbavawu umveke, m'pofunika kuona mmene ndalama zimalowera m'filimu. Mlimi wa fodya wa ku Dowa amaidziwa bwino ntchito yomwe imadya ndalama chaka chonse isanabweze kanthu: nazale, feteleza wa ngongole, aganyu, chigafa, kusoka, kusankha, kudinda mabelo, galimoto yopita ku Kanengo. Zonsezi amalipira asanaone khobidi, kudalira tsiku la msika. Wopanga filimu ali chimodzimodzi. Amalipira wolemba nkhani, ochita sewero, ojambula zithunzi, otapa mawu, oyatsa nyale, zovala, chakudya ndi mayendedwe a gulu lonse kwa masabata angapo, kenako miyezi ya munthu wokhala pa kompyuta kudula ndi kulumikiza zomwe zajambulidwa.

Koma pali kusiyana kumodzi kwakukulu. Belo lachiwiri la fodya limafuna thukuta lofanana ndi loyamba, pomwe pa filimu ndalama zonse zimathera pa kope loyamba. Makope otsatira, kaya khumi kaya miliyoni, amatuluka mwaulere m'kuphethira kwa diso. Mwini amabweza ndalama zake pokhapokha ngati aliyense woonera aponyapo kangachepe. Wokopera alibe ngongole yoti abweze, choncho angathe kugulitsa pa mtengo uliwonse n'kupindulabe. Chimene walanda kwa mwini ndi msika.

Pofuna kuteteza msikawo, maiko anakhazikitsa lamulo la umwini wa luso. Lamuloli limati mwini yekha ndiye ali ndi mphamvu yolola kuti ntchito yake ikoperedwe, igulitsidwe, ionetsedwe pagulu, imasuliridwe m'chiyankhulo china kapena iikidwe pa intaneti. Mphamvuyi si yamuyaya: ku Malawi buku kapena nyimbo imatetezedwa moyo wonse wa mwini ndi zaka 50 iye atamwalira, ndipo ikatha nthawiyo imakhala ya aliyense. Chitetezochi chimadutsanso malire. Mu 1886 maiko anasainirana pangano mumzinda wa Berne ku Switzerland loti aliyense azilemekeza luso la anzake ngati lake lomwe, ndipo Malawi analowa m'panganoli mu 1991. India alimonso. Pa chifukwa chimenechi filimu yopangidwa ku Chennai ndi yotetezedwa pa Mvera monga momwe ilili kwawo.

Mmene kanema anafikira kumudzi

Mu ulamuliro wa Dr Hastings Kamuzu Banda dziko lino linalibe wailesi ya kanema. Television Malawi inayamba kuulutsa mu 1999. Nyumba zoonetsera mafilimu zinali zowerengeka, za m'mizinda mokha, ndipo filimu iliyonse inkayamba yadutsa m'manja mwa bungwe la boma lounika zisangalalo, lomwe linakhazikitsidwa ndi lamulo la mu 1968. Anthu a kumapiri a Dowa ndi Ntchisi kanema ankamuona mwa apo ndi apo, galimoto ya boma ikabwera kudzaonetsa za ulimi kapena za chitukuko pa bwalo la sukulu.

Zinthu zinasintha m'zaka za m'ma 1990 ndi kufalikira kwa mavidiyo sho: kachipinda ka mdima, mabenchi a mathabwa, jenereta ikubangula kuseri, ndi chikwangwani pakhomo cholembedwa ndi choko maina a Rambo, Bruce Lee kapena Van Damme. Matepi ake anali okopera kuchokera ku matepi ena okopera, zithunzi zotuwa ngati zagwa phulusa. Kenako kunabwera ma VCD ndi mafilimu a ku Nigeria, kenako ma DVD otchipa omwe chimbale chimodzi chinkanyamula mafilimu ambirimbiri, ndipo pomaliza memole kadi yaing'ono ngati chikhadabo.

Mbiri imeneyi ili ndi phunziro lomwe okamba za umbava wa luso amaliiwala kawirikawiri. Woonera wa kumudzi sanasiye sitolo yovomerezeka n'kuthawira kwa akuba. Sitoloyo kumudzi sinafikeko. Filimu inabwera ili yokopera kale kuyambira tsiku loyamba, ndipo ana amene anakulira m'mavidiyo sho, omwe lero ndi makolo, sanaonepo filimu ikugulitsidwa mwa njira ina.

Achimwenye ndi akuba a pa intaneti

Kuno mafilimu onse a ku India amangotchedwa achimwenye, koma kwawoko ali m'mabanja osiyana malinga ndi ziyankhulo. A Chihindi amapangidwa ku Mumbai, a Chitelugu ku Hyderabad, ndipo a Chitamil ku Chennai, likulu la chigawo cha Tamil Nadu kumwera kwa dzikolo. Chitamil chimayankhulidwa ndi anthu oposa 70 miliyoni. Ntchito ya mafilimu ake inakulira m'dera la Kodambakkam mumzinda wa Chennai, n'chifukwa chake ena amaitcha Kollywood. Akatswiri ake monga Rajinikanth, Kamal Haasan, Vijay ndi Suriya amatsatidwa ndi makamu, mwakuti filimu yawo ikamatuluka anthu amafola pa maholo kusanache. Ena mwa mafilimu a ndewu ndi magule omwe amakondedwa m'misika ya kuno ndi ochokera kumwera kwa India komweko.

Ku Chennai ndalama zambiri za filimu zimalowa m'masiku oyamba, anthu akadali ndi chidwi. Akuba amadziwa zimenezi, ndiye mpikisano wawo ndi wa liwiro. Njira yakale ndi yolowa m'holo ngati woonera wamba, kukhala pa mpando woyang'anana bwino ndi chinsalu, n'kujambula filimu yonse ndi foni kapena kamera yobisa. Kope lotere limadziwika msanga: chithunzi chimapendekeka, mumamveka anthu akuimba likhweru, nthawi zina mutu wa munthu wopita panja umadutsa kutsogolo. Njira ina ndi ya khoswe wa m'nyumba momwemo, wogwira ntchito yolumikiza kapena yotumiza filimu amene amaitulutsa mozemba. Yachitatu ndi kukopera filimu ikangoikidwa pa masamba olipira monga Netflix kapena Amazon Prime Video, ndipo kope lotereli limakhala loyera ngati la eni ake.

Gulu lomwe linatchuka kwambiri pa ntchitoyi ndi TamilRockers, lomwe linayamba mu 2011. Linkagwiritsa ntchito njira yotchedwa torrent. Mwa njirayi filimu siikhala m'nkhokwe imodzi yomwe apolisi angaipeze n'kuitseka. Imaduliridwa m'tizidutswa tambirimbiri, ndipo aliyense amene akuikoka pa intaneti amakhala akugawiranso anzake tizidutswa tomwe walandira kale, monga momwe mbewu ya mbatata imayendera m'mudzi, wopatsidwa n'kupatsanso wina. Tsamba la akubawo limangolozera komwe kuli tizidutswato. Phindu lawo limachokera kwa otsatsa malonda, makamaka a juga ndi zolaula, omwe amalipira malinga ndi kuchuluka kwa anthu ofika pa tsambalo.

Eni mafilimu anayesa makhoti. Mu November 2018, filimu ya Rajinikanth yotchedwa 2.0, imodzi mwa zodula kwambiri zomwe India anali atapangapo, ili pafupi kutuluka, khoti lalikulu la Madras linalamula makampani 37 opereka intaneti kuti atseke makeyala a masamba oposa 12,000. Filimuyo inatuluka pa 29 November, ndipo patangopita maola ochepa inali itapezeka kale pa intaneti. Tsamba lotsekedwa limangosintha keyala n'kutsegulanso, ngati venda amene akamuthamangitsa pa ngodya iyi amakayala katundu pa ngodya inayo, makasitomala n'kumutsatira. M'mwezi wa March chaka chomwecho apolisi a chigawo cha Kerala anali atamanga anthu ena powaganizira kuti ndi oyendetsa gululi, koma ntchito sinaime. TamilRockers inazimirira mu October 2020, ndipo malo ake anatengedwa ndi masamba ena a maina ofananako. Mu 2023 nyumba ya malamulo ya India inakhwimitsa chilango: wojambula filimu m'holo popanda chilolezo angathe kukhala m'ndende kuyambira miyezi 3 mpaka zaka 3, ndi kulipira chindapusa chomwe chingafike pa magawo 5 pa 100 alionse a ndalama zomwe zinalowa m'filimuyo.

Filimu ya 2.0 inapezabe ndalama zochuluka, chifukwa otsatira Rajinikanth amafuna chinsalu chachikulu ndi phokoso la m'holo. Omwe amaphedwa ndi akuba ndi mafilimu ang'onoang'ono, a anthu osatchuka, omwe woonera amati, "Imeneyi ndidzaionera pa foni." Mfundo imeneyi ndi yomwe ikukhudza Malawi, chifukwa poyerekeza ndi za ku Chennai, filimu iliyonse ya kuno ndi yaing'ono.

Omasulira ndi obena

Kalembera wa mu 2018 anapeza kuti ku Malawi kunali anthu 17.5 miliyoni, ndipo oposa 80 pa 100 alionse ankakhala kumudzi. Magetsi a ESCOM anali atafika pafupifupi m'nyumba imodzi yokha mwa khumi. Bandulo ya intaneti yokwanira kukoka filimu yathunthu ndi yodula kwa mlimi, ndipo kumapiri netiweki imabwera n'kumapita. Choncho anthu a pa Mvera amene amalowa okha pa masamba a akuba ndi ochepa. Intaneti imangobweretsa kope limodzi m'dziko, kwa munthu wa m'tauni amene ali ndi netiweki yamphamvu. Ulendo wotsalawo filimu imayenda pa minibasi ndi pa kabaza, itatsekeredwa m'fulashi kapena m'hadi diraivi, kenako imadumpha kuchoka pa foni kupita pa foni kudzera pa Bluetooth, Xender kapena WhatsApp.

Pakati pa ulendowu pali munthu amene wasintha kwambiri kaoneredwe ka mafilimu m'dziko muno: womasulira, yemwe ambiri amamutcha DJ. Iyeyu amakhala m'kachipinda ndi kompyuta ndi maikolofoni, amatsitsa mawu a eni filimu, n'kuikapo ake. Amayankhula m'malo mwa mfumu, mkazi, wapolisi ndi mwana yemwe, amafotokoza zomwe zikuchitika, amaponyamo nthabwala, anthu a m'filimu n'kuwapatsa maina a kuno. Agogo amene sanapiteko kusukulu amatsata nkhani ya ku Tamil Nadu kuyambira poyamba mpaka pothera, n'kumakalipira mpongozi wankhanza wa m'filimumo ngati wa pamudzi pomwepo. Luso limeneli si la ku Malawi kokha. Ku Uganda omasulira otere amatchedwa ma VJ ndipo ena ndi otchuka kuposa ochita mafilimu enieniwo, ku Tanzania aliponso.

Luso lake ndi lenileni, ndipo n'kulakwa kulinyoza. Omasulirawa aonetsa chinthu chomwe opanga mafilimu ena a kuno anachedwa kuchivomereza, chakuti Amalawi ambiri amafuna filimu m'chiyankhulo chawo ndipo ndi okonzeka kulipira. Komabe pamaso pa lamulo, kumasulira ndi kugulitsa filimu ya mwini popanda chilolezo ndi mlandu, ngakhale kumasulirako kukome chotani. Womasulirayo nayenso amalawa mankhwala omwewo. Ntchito yake ikangofika kwa wobena woyamba imafalikira dziko lonse iye osalandiranso kanthu, n'chifukwa chake ambiri amatchula dzina lawo mobwerezabwereza mkati mwa filimu, kuti mwina dzinalo lokha liwabweretsere makasitomala.

Amene amaluza

Kampani ya ku Chennai siidziwa n'komwe kuti filimu yake ikuonedwa pa Mvera. Siinawerengerepo ndalama za kuno, ndipo ilibe sitolo kapena holo yoti izitolere. Imaluza pang'ono. Chikwapu chenicheni chimagwera wopanga mafilimu wa ku Malawi, ndipo chimamugwera kawiri.

Koyamba, filimu yake imakoperedwa monga zina zonse. DVD imodzi ikagulidwa ku Lilongwe, sabata yomweyo imakhala ili m'makompyuta a obena kuyambira ku Nsanje mpaka ku Chitipa. Oimba ndiwo anayamba kumva ululu umenewu. Kale woimba ankapita ndi nyimbo zake kwa ogulitsa makaseti, monga sitolo yotchuka ya O.G. Issa ku Limbe, n'kulandira ndalama malinga ndi makope. Obena atachuluka malonda amenewa anatha, ndipo oimba anatsala kudalira mashoo. Woimba angathe kuimba pa siteji Loweruka lililonse. Wopanga filimu alibe mwayi woterowo, poti gulu lonse la ochita sewero silinganyamuke kukachita filimu pa bwalo.

Kachiwiri, ndipo uku ndiye kuwawa kwambiri, mafilimu akunja obedwa ndiwo amakhazikitsa mtengo wa filimu m'maganizo a anthu. Ngati filimu ya ku India yodya mabiliyoni, yokhala ndi ndege, magalimoto ophulika ndi ovina mazanamazana, ikupezeka pa mtengo wa mulu wa tomato, palibe amene angapereke kuposa pamenepo pa filimu ya Chimalawi yojambulidwa ndi kamera imodzi. Mmalawi akupikisana ndi katundu wa dziko lonse lapansi amene akugulitsidwa ngati wotola.

Izi zikuchitika pomwe luso lilipo. Charles Shemu Joyah, amene ntchito yake ina ndi yoyeza malo, anapanga Seasons of a Life, kenako The Last Fishing Boat mu 2012 ndi The Road to Sunrise mu 2017. Yomalizayi inapambana mphoto ya filimu yabwino koposa ya kumwera kwa Africa pa mpikisano wa Africa Magic Viewers' Choice Awards ku Lagos mu 2018. Mphoto yomweyo inali itabwera kale kuno mu 2016 kudzera mwa Joyce Mhango Chavula ndi filimu yake yotchedwa Lilongwe. Fatsani, ya Gift Sukez Sukali, inatumizidwa kukaimira dziko lino ku mpikisano wa Oscar. Koma mphoto sizilipira ngongole. Popanda msika wodalirika banki singabwereketse ndalama za filimu, ndipo wamalonda sangaikepo chuma chake. Opanga mafilimu amatsala ndi njira ziwiri: kutapa m'thumba mwawo, kapena kupempha kwa mabungwe othandiza. Mabungwewo amalipirira nkhani zomwe akuzifuna iwo, za matenda, maukwati a ana kapena chisankho. Nkhanizo ndi zofunika, koma dziko lomwe mafilimu ake onse ndi ophunzitsa limasowa nthano zongosangalatsa, za chikondi, za mantha, za mbiri ya mafumu ake, zomwe ndi zomwezo anthu amakazifuna kwa achimwenye. Ochita sewero nawo amalandira zochepa, ena amangopatsidwa ya thiransipoti, ndipo aluso ambiri amasiya akakwatira n'kukafuna ntchito ina.

Pali chotsatira china chomvetsa chisoni. Poopa obena, opanga mafilimu ambiri amaumira ntchito zawo. Amazionetsa usiku umodzi kapena uwiri m'maholo a mahotela ku Lilongwe, Blantyre ndi Mzuzu pa tikiti yodula, amazitumiza ku mipikisano ya kunja, kenako n'kuzitsekera. Mapeto ake mwana wa pa Mvera amamudziwa Vijay wa ku Chennai kuposa katswiri aliyense wa mafilimu wa dziko lake. Ngakhale The Boy Who Harnessed the Wind, filimu ya Chiwetel Ejiofor ya mu 2019 yonena za William Kamkwamba, yemwe anabadwira ku Dowa konkuno n'kukulira ku Wimbe m'boma la Kasungu, inatulukira pa Netflix, malo ofuna intaneti yamphamvu ndi malipiro a mwezi ndi mwezi. Inajambulidwa ku Malawi, muli Chichewa chambiri, koma kwa munthu wa kumudzi wofuna kuionera khomo lapafupi linali la wobena.

Woonera nayenso ali ndi zake zomwe amaluza. Memole kadi yoyenda m'makompyuta ambiri imatenga mavairasi omwe amawononga zithunzi ndi manambala a m'foni. Mafilimu obedwa sadutsa kwa ounika msinkhu wa oonera, choncho zomwe zinapangidwira akuluakulu zimafika m'maso mwa ana, kaya m'vidiyo sho kaya pa foni ya m'nyumba.

Lamulo ndi bungwe la COSOMA

Malawi anakhazikitsa lamulo la umwini wa luso mu 1989, ndipo kuchokera m'lamulolo munabadwa bungwe la Copyright Society of Malawi, lodziwika kuti COSOMA, lomwe linayamba ntchito mu 1992. Bungweli limalemba aluso m'kaundula, limatolera ndalama kwa ogwiritsa ntchito luso lawo monga mawailesi, mahotela ndi malo azisangalalo, n'kuzigawa kwa eni ake. Limagwiranso ntchito ndi apolisi polanda katundu wokopera. M'nthawi ya makaseti ndi ma CD linkamata kachizindikiro konyezimira pa kope lililonse lovomerezeka, kuti wogula asiyanitse chenicheni ndi chakuba. Njirayi inali ndi nzeru pomwe luso linkayenda m'chinthu chogwirika. Pa filimu yomwe ili m'memole kadi palibe pomata chizindikiro.

Mu 2016 nyumba ya malamulo inavomereza lamulo latsopano lolowa m'malo mwa la 1989, loganizirako za makompyuta ndi intaneti. Kuchokera m'lamuloli munatuluka msonkho wa pa zipangizo zosungira luso, womwe malamulo ake anatuluka mu 2018. Foni, kompyuta, fulashi kapena memole kadi ikamalowa m'dziko, bungwe lotolera misonkho la MRA limadulapo kagawo, ndipo ndalamazo zimapita ku COSOMA kuti zigawidwe kwa oimba, olemba, opanga mafilimu ndi aluso ena. Ganizo lake ndi losavuta: poti n'kosatheka kulondera foni iliyonse, ndi bwino kutolera pang'ono pa chipata. Aluso ambiri alandirapo ndalama zooneka kudzera m'njirayi. Pamafunika kumvetsa bwino, komabe, kuti msonkhowu ndi chipepeso cha kukopera komwe munthu amachita pa zofuna za iye mwini kunyumba. Si chilolezo choti wina atsegule okala n'kumagulitsa mafilimu a eni.

Kugwira obena kuli ndi malire ake. Apolisi akalanda kompyuta imodzi pa msika, mwezi usanathe pamakhala pabwera ina, chifukwa ofuna mafilimu sanachepe ndipo achinyamata osowa ntchito ndi ambiri. Kwa mnyamata amene anamaliza Fomu 4 n'kusowa kolowera, kompyuta yakale ndi sola ndiwo munda wake. Ngati India, ndi makhoti ake ndi chuma chake, analephera kutseka mpita ndi chiletso chokha, Malawi sangayembekeze kupambana ndi njira imeneyo payokha.

Zomwe zathandiza kwina

Komwe umbavawu wachepako, chachepetsa ndi kufikitsa filimu kwa anthu msanga, pa mtengo womwe angakwanitse. Ku Tamil Nadu mafilimu ambiri tsopano amaikidwa pa masamba olipira patangotha pafupifupi mwezi umodzi chitulukireni m'maholo, ndipo eni masambawo amalipiriratu opanga filimu. Ku Nigeria, komwe ntchito ya mafilimu a pa tepi inakula kuyambira pa Living in Bondage mu 1992, akuba a pa msika wa Alaba ku Lagos anafooketsa malonda a ma DVD, ndipo opanga mafilimu anapulumukira ku maholo atsopano, ku wailesi za kanema zolipira ndi ku intaneti.

Ku Malawi njira zimenezi zili ndi zopinga. Maholo a kanema ndi osowa. Ambiri aika mafilimu awo pa YouTube, komwe amaonedwa ndi anthu ochuluka, kuphatikizapo Amalawi okhala ku Johannesburg ndi kwina, koma kwa zaka zambiri dziko lino silinali pa mndandanda wa maiko omwe YouTube imalipira mwachindunji, ndipo otsatsa malonda salipira zambiri pa oonera a kuno. Chomwe dziko lili nacho kale ndi zinthu ziwiri. China ndi Airtel Money ndi TNM Mpamba, zomwe zafika m'misika yonse ndipo zimalola munthu wa ku Ntchisi kutumiza ndalama yochepa kwa mwini filimu ku Blantyre nthawi yomweyo. Chinacho ndi obena ndi eni mavidiyo sho enieniwo, amene popanda thandizo la aliyense anayala njira yofikitsa filimu m'mudzi uliwonse, njira yomwe palibe kampani ya mafilimu ya kuno ingathe kuiyala ndi ndalama zake.

Filimu ya Chimalawi, yoyankhula Chichewa, itamafika kwa wobena wa pa Mvera kuchokera kwa mwini wake sabata yomwe yatuluka ku Lilongwe, ili yoyera bwino, wobenayo n'kumasunga gawo lake pa kope lililonse n'kutumiza lotsalalo pa foni, iye angakhale ndi chifukwa choitetezera kwa anzake okopera mwakuba. Sizingatseke mipita yonse, ndipo zimafuna kaundula, kukhulupirirana ndi kulondoloza. Ntchito yoyambitsa zimenezi ili m'manja mwa COSOMA, bungwe la opanga mafilimu la Film Association of Malawi ndi eni mafilimuwo, kuti akhale pansi ndi obena ndi omasulira n'kugwirizana nawo mtengo. Woonera wa pa Mvera ndalama akupereka kale tsiku lililonse. Chomwe chikusowa ndi njira yoti gawo la ndalamazo lifike kwa amene anajambula filimuyo.